Mukufuna kusaka mizukwa pa TV? Yambani mwadziwa mapaipi

Jason Hawes ndi Grant Wilson, amene anatchuka ndi pulogalamu ya Ghost Hunters ku America kuyambira mu 2004, masana anali mapulambala. Kwa ine luso lawo linagona pamenepo, chifukwa kugogoda kwambiri kwa m'nyumba zakale kumachokera m'mapaipi akamazizira usiku. Choncho musathamangire kugula zida.

Choyamba ndi chilolezo. Malo ngati nyumba yakale ya Chillingham Castle ku Northumberland m'dziko la England, kapena ndende ya Eastern State ku Philadelphia, ku America, yomwe inatsegulidwa mu 1829 n'kutsekedwa mu 1971, ali ndi eni ake. Alembereni kalata, mugwirizane mtengo, inshuwalansi ndi zipinda zoti mulowemo. Mukalowa mozemba, wokupezani ndi wapolisi.

Akakulolani, pitani dzuwa likadalipo. Onani zenera limene silitsekeka bwino, thabwa limene limalira mukaliponda, ndiponso modutsa mawaya a magetsi. Mawayawo ndiwo amapusitsa ambiri. Kachipangizo ka K-II, kamene mumakaona kakuthwanima pa TV, kamayeza mphamvu yochokera ku magetsi basi, moti foni ya m'thumba mwanu ikhoza kukayatsa. Zimitsani mafoni onse, ndipo lembani zimene kakuonetsa m'chipinda chilichonse kusanade.

Nkhani ya injiniya Vic Tandy muidziwe bwino. Iye ankamva mantha osadziwika bwino mu labotale ina ku England, mpaka anaona chinthu chotuwa pambali pa diso. Atafufuza anapeza kuti fani yatsopano inkatulutsa kunjenjemera kwa pafupifupi 19 Hz (maulendo 19 pa sekondi), kumene khutu la munthu silimva, ndipo analemba zimenezi mu 1998. Ataikonza fani ija, mzukwa unasamuka. Mpweya wa carbon monoxide wotuluka m'mbaula yowonongeka nawonso umachititsa mutu ndi zideruderu, ndipo umapha. Alamu yake muinyamule, imeneyo si ya pa kamera ayi.

Pojambula mawu, aliyense aziulula phokoso lake nthawi yomweyo. Mimba ikalira, nenani mokweza kuti "ndi mimba yanga", apo ayi mawa mu situdiyo mudzaimva ngati mayi wakalekale akubuula. Mukapeza mawu okayikitsa, apatseni anzanu amvere musanawauze zimene inu mwamva. Mukangowauza, onse adzamvanso zomwezo. Timadontho toyera toyandama pa kamera ndi fumbi, musataye nato nthawi.

Chovuta kwenikweni ndi opanga pulogalamu, poti iwo amafuna kukuwa. Mu 2005 bungwe la Ofcom, loyang'anira mawailesi ndi ma TV ku Britain, linanena kuti pulogalamu yosaka mizukwa ya Most Haunted ndi yongosangalatsa anthu, si kafukufuku weniweni. Muuzane ndi pulojusa musanasaine kuti usiku wopanda kanthu mudzauonetsa momwemo, ndiye phunzirani kufotokoza mbiri ya nyumbayo mokoma kuti oonera asasinthe tchanelo.

Mabatire amatha msanga pozizira, ndiye apadera muziwasunga m'thumba la mkati mwa jekete.