Momwe mungajambulire kanema wa moyo wa alimi a m'midzi ya kumapiri

Kanema wotereyu salira kamera yodula kwenikweni. Amalira nthawi, chifukwa ulimi umatsata nyengo, ndipo kholola silingabwere msanga poti inu mwafika.

Ulendo woyamba, kamera ikhale m'chikwama. Kaonaneni ndi atsogoleri a mudziwo, muwauze kumene kanemayo akaonetsedwe. Komatu chilolezo chawo sichikwanira: aliyense amene adzaonekemo avomere yekha, ndipo za ana mufunse makolo. Pa miyambo, funsiranitu zimene mlendo saloledwa kujambula. Akati apa ayi, zimitsani, osanyengerera.

Kenako funsani alimiwo miyezi imene amasosa, kubzala, kupalira ndi kukolola, mukonze maulendo anu potsatira zimenezo. Sankhani banja limodzi loti mulitsatire chaka chonse. Kanema wofuna kuonetsa mudzi wonse amathera posaonetsa aliyense.

Pa zida, kumbukirani kuti kuzizira kumamaliza mabatire msanga. Osungira aikeni m'thumba lam'kati mwa jekete, ndipo tengani sola yotchajira. Mukachoka panja pozizira n'kulowa m'nyumba mofunda, galasi la kamera limachita nthunzi. Isiyeni m'chikwama chotseka kwa mphindi ngati 20 musanaitulutse.

Pamene ambiri amagwa m'pa mawu. Woonera amapirira chithunzi chogwederako, koma mphepo ikamawomba mu maikolofoni amangotseka. Ivekeni chophimba chaubweya chotchinga mphepo, maikolofoni ina yaing'ono muimangirire pamalaya a wolankhulayo, ndipo mahedifoni asachoke kukhutu. Malo aliwonse, jambulani mphindi imodzi ya phokoso la pamalopo popanda wolankhula: khasu likugunda mwala, ziweto, madzi akutsetsereka. Mudzazifuna polumikiza zidutswa za kanemayo.

Jambulani m'mamawa ndi chakumadzulo, dzuwa lisanawawe kapena litapendeka. Chithunzi chilichonse chigwireni masekondi osachepera 10. Mapiri n'ngokongola, inde, koma yandikirani: chala chikufotsera mbewu, phazi likufuna popondapo pamunda wotsetsereka, mtolo uli kumsana. Mafunso funsani munthu akugwira ntchito. Mukamukhazika pampando amayamba kulankhula ngati ali pamsonkhano. Ndipo musamuuze kuti abwereze zimene zakudutsani. Dikirani mawa, adzachitanso.

Usiku uliwonse koperani zonse pa mahadidisiki awiri, muwasunge m'zikwama zosiyana.

Polumikiza, khalani ndi womasulira wodziwa kalankhulidwe ka m'deralo. Mukamaliza, bwererani kumudziko mukawaonetse eni ake kanemayo asanatuluke, ndipo chimene anene kuti mwalakwitsa, kakonzeni.