Kumvera nyimbo za ku Greece pa intaneti popanda kubera oimba

Abale ambiri ku Joni amagwira ntchito m'malesitilanti ndi m'mashopu a Agiriki, ndipo ku London, mbali za Palmers Green, alipo amene akusamalira okalamba olankhula Chigiriki ochokera ku Cyprus. Tsiku lonse bouzouki, choimbira cha zingwe cha Agiriki, ikungolira m'khutu, kenaka mtima umayamba kuifuna ngakhale utaweruka. Apa m'pamene masamba olonjeza MP3 yaulere amakopa munthu. Musalowemo. Ena amadzaza foni ndi mavairasi, ndipo woimba sapezapo olo tambala. Tonse tikudziwa mmene oimba athu kumudzi amalirira ndi obena nyimbo m'misika. Ululu wake ndi womwewo kwa woimba wa ku Athens.

Yambani ndi wailesi, chifukwa ndi yaulere komanso yovomerezeka. ERT, nyumba youlutsa mawu ya boma la Greece, ili ndi app yotchedwa ERTecho. Mmenemo sakani Deftero Programma, yomwe imaika nyimbo za Chigiriki, kapena Voice of Greece, imene anaikonzera anthu awo okhala kunja. Ku London kuli London Greek Radio pa 103.3 FM, ndipo imamvekanso pa intaneti.

Nyimbo zimene ndikufunitsitsa kuti mumve ndi za rebetiko. Zinakulira m'madoko ngati Piraeus, pakati pa amphawi ndi othawa kwawo amene anachoka ku Smyrna (Izmir wa lero, ku Turkey) mzindawo utapsa mu 1922. Zimakamba za umphawi, ndende, chikondi ndi kusowa kwanu, moti ngakhale simukumva mawu, mtima wa munthu wapaulendo umazindikira. UNESCO inaziika pa mndandanda wa chuma cha chikhalidwe cha anthu mu 2017. Pa tsamba la Kounadis Archive Virtual Museum mungamvere mwaulere mbale zakalekale za galamafoni, ndi kuswaswata kwa singano komwe.

Koma musaganize kuti nyimbo ikakhala yakale ndiye kuti ilibe mwini. Lamulo la ku Greece limateteza nyimbo kwa zaka 70 wopeka atamwalira. Markos Vamvakaris, katswiri wa rebetiko, anamwalira mu 1972, choncho nyimbo zake n'zotetezedwa mpaka kumapeto kwa 2042. Mikis Theodorakis, wopeka nyimbo wina wotchuka, anamwalira mu 2021, ndiye zakenso zikadali zotetezedwa.

Za masiku ano zili pa Spotify, Apple Music ndi YouTube. Pa YouTube sankhani tchanelo cha woimbayo kapena cha kampani yojambula, monga Minos EMI ndi Panik Records, osati cha munthu wongokopera. Ngati data ikukuvutani, lipirani Premium mutsitse nyimbo mkati mwa app muli pa Wi-Fi. Oimba ang'onoang'ono agulireni pa Bandcamp, kumene gawo lalikulu la ndalama limafika kwa iwo. Dzina likakana kupezeka musataye mtima: Agiriki ali ndi zilembo zawozawo, ndiye munthu mmodzi ena amamulemba Hadjidakis, ena Hatzidakis. Nyimbo ikamalira kuntchito, igwireni ndi Shazam, app yozindikira dzina la nyimbo ikamalira, kapena pemphani abwana akulembereni dzina lake.

Inu amene mwatsegula saluni kapena kantini, akaunti yanu ya Spotify ndi yomverera nokha, osati makasitomala. Kuika nyimbo pamalo a bizinesi kumafuna laisensi: ku South Africa yambani ndi SAMRO, bungwe lotolera ndalama za opeka nyimbo, ku Britain funsani za laisensi yotchedwa TheMusicLicence ku bungwe la PPL PRS.