Kuzindikira ndi Kusintha Bering'i ya Kilachi Imene Yatha pa Toyota Corolla Yakale

Galimoto yakale ikayamba kukhuluza kapena kuliza kalikhweru nthawi iliyonse imene mwaponda kilachi, amakaniko ambiri amafulumira kunena kuti release bearing, yomwe ndi bering'i ya kilachi, yatha, ndipo nthawi zambiri amakhala akulondola. Chovuta ndi chakuti bering'i imeneyi, ngakhale ndi yaing'ono yokwana m'chikhatho ndiponso yotsika mtengo, imakhala m'kati mwenimweni pakati pa injini ndi giyabokosi, moti palibe njira yoifikira popanda kutsitsa giyabokosi yonse. Kutsitsa ndi kukwezanso giyabokosi ndiye kumene kumadya tsiku ndi ndalama, choncho khutu ndi phazi ziyenera kumaliza ntchito yake musanagwire sipanala.

Malangizo ano atsata Toyota Corolla ya magiya asanu osintha ndi dzanja, makamaka AE100 ndi AE110 za injini ya 5A-FE pamodzi ndi AE101 ndi AE111 za injini ya 4A-FE. AE100 ndi AE101 zinatuluka mu 1991 ndipo AE110 ndi AE111 mu 1995, koma galimoto zimenezi zidakayendabe m'misewu ya ku Malawi ndi ku Zambia. Zambiri zimene zanenedwa pano zimagwiranso ntchito pa galimoto zina zokoka ndi matayala akutsogolo.

Mbale ya kilachi imakhala yopanikizidwa pakati pa flywheel (gudumu lolemera lachitsulo lozungulira ndi injini) ndi pressure plate (chivundikiro chopanikizira mbaleyo), ndipo chimene chimapanikiza ndi sipuling'i yozungulira yokhala ndi zala zachitsulo zoloza pakati. Mukaponda chopondera, master cylinder imakankha mafuta kupita ku slave cylinder yomwe inamangidwa kunja kwa giyabokosi, iyo imakankha foloko, ndipo foloko imakankha bering'i kuti isindikize zala zija, mbale n'kumasuka. Zalazo zimazungulira limodzi ndi injini pamene foloko siizungulira, ndiye bering'i ndi imene imalandira mphamvu yonse pamalo pamene chozungulira chakumana ndi choima. Girisi wake anamutsekera m'kati kufakitale, ndipo akauma kapena akalowa madzi ndi fumbi, timipira tachitsulo timayamba kudyana ndi njira yake.

Poyesa, imikani galimoto pamalo abata, mangani handibuleki, ikani giya pa neutral ndipo lizani injini mpaka itatentha. Tsitsani magalasi, zimitsani wailesi ndi fani, kenaka pondani kilachi pang'onopang'ono kwambiri uku mukumvetsera. Ngati phokoso likuyamba pamene phazi layamba kumva kulemera, n'kumapitirira kapena kukula pamene mukupondereza mpaka pansi, kenaka n'kutha mukachotsa phazi, ndiye kuti bering'i ya kilachi ndi imene ikulira. Nthawi zina mumamva kunjenjemera pang'ono kuphazi kotsatana ndi liwiro la injini, ndipo zimenezo zimasonyeza kuti zala za pressure plate nazo zadyeka kapena sizikulingana.

Phokoso likakhala la mbali inayo, ndiye kuti likumveka phazi lili pambali koma likutha mukaponda mpaka pansi, musagule bering'i ya kilachi. Mukaponda kilachi, shafiti yolowa mu giyabokosi imaleka kuzungulira, choncho phokoso limene latha pa nthawi imeneyo likuchokera ku mabering'i a m'kati mwa giyabokosi, ndipo choyamba kuona ndi kuchuluka kwa oyilo wa giyabokosi. Pano ndi pamene anthu ambiri amatayira ndalama, chifukwa amatsitsa giyabokosi, kuika bering'i yatsopano, n'kupeza kuti phokoso lija likadalipo.

Palinso maphokoso ena osokoneza. Kulira kwa kwiii kumene kumamveka ngakhale injini ili yozimitsa kumachokera pamene chopondera chimagwedezekera, kapena pa kampira kachitsulo komwe foloko imatsamirapo, ndipo mankhwala ake ndi girisi chabe. Kaphokoso konga kulira kwa mbalame kamene kamatha mukangokhudza chopondera ndi chala cha phazi kawirikawiri kamasonyeza kuti foloko yauma kapena bering'i yayamba kumene kutopa. Pa galimoto zokoka ndi matayala akumbuyo monga Hilux ndi Hiace pamakhalanso bering'i ina yotchedwa pilot bearing kumapeto kwa crankshaft (shafiti yaikulu ya injini), ndipo bering'iyo imalira kwambiri kilachi ikapondedwa mpaka pansi giya ili yolowa, koma Corolla zimene tikukambazi zilibe bering'i imeneyo. Ngati injini ikufooka ngati izima mukaponda kilachi pa neutral, uzani mnzanu aone ngati pulley ya crankshaft ikusuntha kulowa ndi kutuluka, chifukwa limenelo ndi vuto la m'kati mwa injini.

Bering'i yolira ikhoza kuyendabe kwa kanthawi, koma sindingalangize munthu kupita nayo ulendo wautali. Ikagwira n'kuleka kuzungulira, imapala zala za sipuling'i mpaka kuzidula, chopondera chimagwera pansi, ndipo magiya amakana kulowa muli pakati pa msewu.

Pogula zipangizo, maganizo anga ndi akuti mugule zonse zitatu pamodzi, mbale ya kilachi, pressure plate ndi bering'i, pokhapokha ngati zinazo zinasinthidwa posachedwapa. Kuika bering'i yatsopano pa zala zodyeka kumaifupikitsira moyo, ndipo mbale yakale ikadzatha pakapita miyezi yochepa mudzalipiranso ntchito yomweyo. Aisin ndi Exedy ndi makampani a ku Japan odziwika popanga makilachi, pamene NSK ndi Koyo amadziwika pa mabering'i, koma zachinyengo zokhala m'mabokosi a mayina omwewa ziliponso pamsika, choncho tengani nambala ya chassis pokagula ndipo mudzafanizire chatsopano ndi chakale musanamange. Bering'i yogula kwa ophwasula galimoto njosathandiza, chifukwa palibe amene angaone girisi wotsala m'kati mwake. Mufunikanso oyilo wa giyabokosi wa 75W-90, girisi wa molybdenum, mankhwala otsukira mabuleki, kachipangizo kolunzanitsira mbale pakati, sipanala yoyeza mphamvu yomangira, jeki yabwino ndi zoimikira galimoto zachitsulo. Musalowe kunsi kwa galimoto yokhazikidwa pa njerwa kapena pa jeki yokha, pakuti ntchito imeneyi imafuna kugwedeza ndi kukoka mwamphamvu, ndipo njerwa imaphwanyika mosachenjeza.

Yambani ndi kumasula waya wa negative wa batire, kenaka chotsani batirelo, chokhalira chake ndi bokosi la air cleaner kuti pamwamba pa giyabokosi paonekere. Masulani waya wa nyali ya rivesi, wa speedometer ndi wa earth, komanso zingwe ziwiri zosinthira magiya. Slave cylinder muimasule pa giyabokosi popanda kutsegula paipi yake ya mafuta, muimangirire pambali ndi waya, ndipo wina asaponde kilachi kufikira itabwerera pamalo pake, apo ayi pisitoni yake idzatuluka. Chotsaninso sitata.

Matayala akadali pansi, masulani pang'ono nati yaikulu ya pakati pa tayala lililonse lakutsogolo, mutachotsa kaye kapini kake, chifukwa nati imeneyi imamangidwa mwamphamvu kwambiri. Kwezani galimoto, iikeni pa zoimikira, ndipo chotsani matayala. Pokhetsa oyilo wa giyabokosi, yambani mwamasula chotsekera cha pothirira musanamasule cha pansi, kuopa kuti mungakhetse oyilo yense kenaka n'kupeza kuti pothirira pakana kutseguka. Lekanitsani ball joint (cholumikizira habu ku mkono wake) ya m'munsi mbali zonse ziwiri, tulutsani mashafiti m'mahabu, ndipo mbali yolowa mu giyabokosi muitulutse poigwedula ndi chitsulo pafupi ndi thupi la giyabokosi, osati pokoka shafitiyo, chifukwa kukoka kumalekanitsa CV joint (cholumikizira chopindika cha shafiti) ya m'kati.

Tsopano injini iyenera kukhala ndi pogwirira pake, kaya ndi mtanda wopingasa pamwamba wokhala ndi unyolo, kaya ndi jeki yachiwiri yokhala ndi thabwa lalikulu kunsi kwa sump, chosungira oyilo cha pansi pa injini. Chotsani chitsulo cha kunsi chonyamula zogwirira injini zakutsogolo ndi zakumbuyo, kenaka chogwirira cha kumanzere chomwe chimanyamula giyabokosi. Mabawuti olumikiza giyabokosi ku injini sali ofanana kutalika, ndiye bowolani katoni molingana ndi malo ake n'kumabaya lililonse pamalo pake pamene mukulichotsa. Tsitsani pang'ono mbali ya giyabokosi, ndipo muli anthu awiri, ikokereni kumanzere mowongoka mpaka shafiti yake itatuluka mu mbale ya kilachi. Musailole kulendewera pa shafitiyo ngakhale kwa kanthawi, chifukwa kulemera kwake kumapinda pakati pa mbale.

Giyabokosi ikakhala pansi, bering'i mudzaiona itavala kapaipi kozungulira shafiti, itagwidwa ku foloko ndi kawaya kolimba. Musauzire fumbi la m'katimo ndi mpweya, chifukwa mbale zina zakale zinkapangidwa ndi asbestos amene amawononga mapapo. Lipukuteni ndi nsalu yonyowa kapena mankhwala otsukira mabuleki. Chotsani foloko pa kampira kake pamodzi ndi bering'i, ndipo yang'anitsitsani mmene kawayako kanakhalira kuti musadzavutike pobwezera. Gwirani bering'i ndi dzanja limodzi, isindikizeni ndi chikhatho cha dzanja linalo uku mukuizunguza. Yabwino imazungulira mosalala, mwakachetechete ndiponso molemera pang'ono chifukwa cha girisi. Yotha imamveka ngati muli mchenga m'kati, imagwiragwira, kapena imathamanga mopepuka ikulira wayawaya, ndipo nthawi zina nkhope yake imakhala itasanduka yabuluu ndi kutentha. Kusuntha pang'ono cham'mbali si vuto, pakuti mabering'i ambiri otere anapangidwa kuti azidzilunjika okha pakati pa zala.

Musaimire pomwepo, chifukwa chimene chinapha bering'i chikhoza kukhala chidakali m'katimo. Pitirizani chala pa kapaipi kamene bering'i imatsetserekapo kuti mumve ngati pali mizere yakuya, onani foloko ngati yang'ambika kapena yakumbika pamene imakhudza kampira, ndipo mphira wotseka pamene foloko imatulukira akakhala wong'ambika musintheni, chifukwa mpata umenewo ndi umene umalowetsa fumbi la m'chilimwe ndi madzi amatope a m'dzinja. Mukapeza oyilo m'katimo, mununkhizeni: wa giyabokosi amanunkha moipa mwa sulfure ndipo amachokera pa oil seal (mphira wotchinga oyilo) ya shafiti yolowa, pamene wa injini amachokera pa oil seal ya kuseri kwa flywheel. Iliyonse imene ikudontha isinthidwe tsopano, apo ayi mbale yatsopano idzanyowa n'kuyamba kuterereka.

Masulani mabawuti a pressure plate pang'onopang'ono modumphadumpha kufikira sipuling'i itamasuka. Ngati mukuganiza zobwezera yakale, ikani chizindikiro pa iyo ndi pa flywheel musanaichotse. Malinga ndi muyezo wa Toyota, mitu ya marivet a mbale iyenera kukhala yobisika ndi mamilimita osachepera 0.3, koma mbale imene yayandikira pamenepo ndi yoti itayidwe basi. Flywheel yokhala ndi ming'alu, mizere yakuya kapena mawanga abuluu ikapalidwe pa makina kapena isinthidwe.

Pomanga, tsukani nkhope ya flywheel ndi ya pressure plate yatsopano kuti mafuta oteteza ku dzimbiri achoke, ndipo manja anu akhale opanda girisi pogwira mbale. Mbale ili ndi mbali yoyang'ana ku flywheel, yomwe kawirikawiri imalembedwa, ndipo mukaitembenuza kilachi siingamasuke. Igwirizeni pakati ndi kachipangizo kolunzanitsira, valitsani pressure plate pa timapini take, ndipo mangani mabawuti modumphadumpha pang'onopang'ono mpaka afike pa 19 Nm pa sipanala yoyeza mphamvu yomangira. Pa nkhani ya girisi, wochepa ndiye wabwino. Pakani kochepa chabe pa kampira ka foloko, pamene foloko imakhudza bering'i, pamene ndodo ya slave cylinder imakankha, pa kapaipi kotsetserekapo ndi pa mano a shafiti. Lowetsani mbale pa manowo kangapo musanaimange kuti girisi afalikire, ndipo wotsala mumupukute, chifukwa injini ikazungulira amamwazikira pa mbale. Bering'i yatsopano musaitsuke ndi petulo kapena palafini. Mukaimanga, gwedezani foloko ndi dzanja muone ngati bering'i ikupita ndi kubwerera mosakakamira komanso ngati kawaya kagwira.

Pokweza giyabokosi pamafunika kudekha. Ikwezeni molingana ndi injini, ndipo mano akakana kulumana, zunguzani pang'ono crankshaft ndi sipanala uku mnzanu akukankha. Iyenera kufika yokha mpaka kukhudza injini ndi kukhala pa timapini take. Ikatsala ndi mpata, musaikoke ndi mabawuti, chifukwa mudzapinda mbale kapena kung'amba thupi la giyabokosi lomwe ndi la aluminiyamu. Itulutseni n'kuonanso ngati mbale ili pakati. Zotsalazo zibwezereni motsatana kuyambira chimene munamalizira kuchotsa, mabawuti onse amangidwe molingana ndi buku la galimotoyo, ndipo pa manati aakulu a pakati pa matayala muikepo timapini tatsopano. Thirani oyilo galimoto ili pamalo osapendekeka mpaka atayamba kutuluka pa bowo lothirira.

Musanalize injini, pondani kilachi kangapo kuti mumve ngati ikulemera bwino, ndipo yezani mpata umene chopondera chimayenda chisanayambe kulemera, womwe pa Corolla zimenezi umayenera kukhala pakati pa mamilimita 5 ndi 15. Mpatawu ukasowa, mafuta sabwerera bwino mu master cylinder ndipo bering'i imakhala yosindikizidwa nthawi zonse, zomwe zimaitha msanga mofanana ndi chizolowezi chotsamiritsa phazi pa kilachi poyenda, kudikira pa maloboti giya ili yolowa, kapena kugwira galimoto pa chitunda ndi kilachi m'malo mwa handibuleki. Chopondera chikakhala chofewa, onjezerani mafuta a mabuleki a DOT 3 ndi kutulutsa mpweya pa slave cylinder. Lizani injini, bwerezani kuyesa kuja koponda pang'onopang'ono, kenaka lowetsani giya ya rivesi, yomwe imakhuluza msanga ngati kilachi siikumasuka mokwanira. Pa makilomita mazana angapo oyamba musanyamuke mwaukali kapena kusenza katundu wolemera, ndipo pakatha masiku ochepa suzumirani kunsi pamene mashafiti amalowera mu giyabokosi, chifukwa oil seal imene inakalika potulutsa shafiti imayamba kuonetsa chinyezi cha oyilo pa nthawi imeneyo.